Minga Siibweza Pulawo

Mu Okutobala mzinda wa Pretoria umavala chibakuwa. Mitengo ya jakaranda, yomwe kwawo kwenikweni ndi ku South America ndipo yoyamba idabzalidwa mumzindawu mu 1888, imayoyola maluwa m'misewu mpaka mlendo kuchita manyazi kuti apondepo. Ndidafika kumeneko mu Okutobala 2024 kukakhala nawo pamsonkhano wa masiku anayi wa anthu ofalitsa uthenga wa chitukuko cha kumidzi. Tinkakambirana za mbewu, misika ndi kusintha kwa nyengo, monga mwa nthawi zonse. Msonkhano utatha ndidatsala ndi tsiku limodzi ndisadakwere basi yobwerera kumudzi, ndipo tsiku lonselo ndidalithera pa buluzi.

Malume anga, amene akhala mumzindawu zaka zambiri akusamalira maluwa ndi kapinga panyumba za anthu, ndiwo adandiperekeza. Nditawauza kumene tikupita adaseka mpaka kugwira nthiti.

"Mphwanga, ulendo wonsewu kuchoka ku Lilongwe, masiku awiri pamsewu, kudzaona buluzi? Kodi kwathu agulo adatha?"

"Sadathe, malume. Koma uyu akuti ndi wina. Tiyeni mukadzionere nokha."

Mzinda wa Pretoria udakhazikitsidwa mu 1855, ndipo kuyambira mu 2000 uli pansi pa khonsolo yaikulu ya Tshwane. Kumeneko ndiko kuli maofesi a mtsogoleri wa dziko la South Africa, m'nyumba zotchedwa Union Buildings zomwe zidatsamira phiri kum'mawa kwa tauni. Ife sitidalowere kumeneko. Tidayambira pabwalo la Church Square, pakatikati pa mzinda, n'kutsata msewu wa Paul Kruger cha kumpoto mpaka pamene umakumana ndi msewu wa Boom. Pamenepo ndi pachipata cha National Zoological Garden, malo osungirako nyama zakutchire omwe adayamba mu 1899. Ndi aakulu mahekitala 85, mtsinje wa Apies umadutsa pakati pake, ndipo kuyambira mu 2018 akuyendetsedwa ndi SANBI, bungwe la boma loona za zamoyo zachilengedwe.

Pakhomo pa una

Khamu la anthu linkathamangira kwa mikango ndi nyama zina zikuluzikulu. Ife tidaima pa kakhola ka zii, momwe mudali dothi, udzu ndi kadzenje kolowera pansi. Kwa nthawi ndithu sitidaone kanthu, ndipo malume adayamba kusuzumira pawotchi. Koma paja akuluakulu adati kuona maso a nkhono n'kudekha. Dzuwa litawomba bwino pakhomo pa unawo padatulukira mutu wotakata, kenaka mapewa, kenaka thupi lonse.

Buluzi ameneyu akakula amafika masentimita 35 kapena kuposerapo kuchokera kumphuno mpaka kunsonga ya mchira. Pamsana ndi woderako, m'nthiti ndi kumimba ndi wachikasu ngati udzu wouma. Kunkhongo kwake kuli minga inayi italiitali yoloza kumbuyo. M'khosi ndi m'miyendo mulinso ina, ndipo mchira wonse ndi mikombero ya minga yakuthwa, ngati wina adaukulunga ndi waya wa pampanda. Atatuluka adawongola miyendo yakutsogolo, kutukula chifuwa, kudzutsa mutu kumwamba, n'kungoti duu osagwedezeka.

Kaimidwe kameneka ndiko kadam'patsa dzina. Pa Chingerezi amamutcha sungazer, kutanthauza woyang'ana dzuwa. Olankhula Chiafrikaans amati ouvolk, ndiko kuti anthu akale, dzina lomukhala bwino pakuti amaonekadi ngati agogo akuothera dzuwa pakhonde. Asotho amati pathakalle, Azulu amati mbedla. Amene adamulemba koyamba m'mabuku a sayansi ndi Andrew Smith, dokotala wa asilikali wochokera ku Scotland, mu 1844. Mu 2011 Edward Stanley ndi anzake, ataunikanso banja lonse la abuluzi a minga, adam'patsa dzina loti Smaug giganteus. Smaug ndi chinjoka cha m'nthano ya J.R.R. Tolkien, mlembi yemwe adabadwira ku Bloemfontein mu 1892, m'chigawo cha Free State chomwe ndi kwawo kwa buluziyu.

"Ameneyu akakuluma ndiye kuti maliro," adatero malume akubwerera m'mbuyo pang'ono.

Ambiri timaganiza choncho tikaona chinthu choopsa m'maonekedwe. Zoona zake n'zakuti buluziyu alibe ululu, ndipo akaona munthu amathawira muuna. Minga yonseyo ndi chishango chabe.

Thupi lomangidwa ngati linga

Kuothera dzuwa kwa buluzi si ulesi. Thupi lake silidzitenthetsa lokha monga limachitira la munthu, la mbuzi kapena la nkhuku. M'mawa akadali wozizira sangathamange, ngakhale kugaya chakudya kumene kumavuta. Dzuwa likamuwomba amapeza mphamvu, likanyanya amabwerera pansi. Moyo woterewu uli ndi phindu lake: popeza sawononga chakudya podzitenthetsa, amakhuta ndi zochepa kwambiri poyerekeza ndi khoswe wolemera mofanana naye. Sayenda mtunda kukasaka. Amadikira pafupi ndi khomo, ndipo chikumbu, chiwala kapena bongololo akamadutsa amangomudumphira.

Una amakumba yekha m'dothi la pansi pa udzu. Kawirikawiri umatalika pafupifupi mamita 2 ndi kuzama pafupifupi theka la mita. Umenewu ndiwo nyumba yake, bulangete lake ndi linga lake. Kuyambira cha mu Meyi mpaka mu Ogasiti, pamene chisanu chimawaula udzu wa kwawoko, iye amagona pansi osadya. Moto wa tchire ukamadutsa pamwamba, iye amakhala ali phee m'kati. Nkhandwe kapena msulu akamuthamangitsa, amalowa mutu patsogolo, mchira n'kutsalira cha kukhomo, n'kumaukwapula uku ndi uku pamphuno pa mdaniyo. Wina akayesa kumukoka, amakanikiza minga ya kunkhongo ija kudenga la una, ndipo imakola ngati mbedza. Pansi pa mamba ake palinso timafupa tophwatalala tomwe timalimbitsa khungu.

Chimene chidandikhudza koposa ndi kaberekedwe kake. Buluziyu saikira mazira. Wamkazi amabereka ana amoyo, kawirikawiri mmodzi kapena awiri, cha kumapeto kwa dzinja. Sabereka chaka ndi chaka, koma kamodzi pa zaka ziwiri kapena kuposerapo, ndipo mwanayo amatenga zaka zinayi kapena zisanu kuti akhwime. Akapanda kuphedwa amatha kukhala zaka zoposa 20. Oweta ziweto amvetsa msanga tanthauzo la zimenezi. Chitopa chikasesa nkhuku, khola limadzazanso m'chaka chimodzi. Matenda akasesa ng'ombe, pamapita zaka zambiri khola lisadabwerere mwakale. Buluzi wa mingayu amaswana ngati ng'ombe, osati ngati nkhuku. Wamkazi mmodzi akachotsedwa kuthengo, mpata wake umakhala wosatsekedwa kwa nthawi yaitali.

Kwawo n'kuudzu wosalimidwa

Padziko lonse lapansi, buluziyu amapezeka kuthengo dera limodzi lokha: chidikha cha udzu cha Highveld, kumpoto kwa chigawo cha Free State ndi kummwera chakumadzulo kwa Mpumalanga, m'madera ozungulira matauni monga Harrismith, Heilbron, Welkom ndi Volksrust. Ndi ulendo wa maola ochepa kummwera kwa Pretoria, ndipo msewu waukulu wa N3 wochoka ku Johannesburg kupita ku Durban umadutsa m'dziko lakeli. Ndi dera lokwera ngati kwathu ku Dedza, lozizira, la mitengo yochepa, lokutidwa ndi udzu wofiirira wotchedwa Themeda triandra, womwe umameranso m'mapiri a kwathu.

Tsoka lake n'lakuti dothi lomwe iye amakonda kukumbamo ndi lomwelo mlimi amalifuna. Free State ndiyo nkhokwe ya South Africa, pakuti chigawochi chimatsogola pa ulimi wa chimanga ndi mpendadzuwa. Ndidamwetulira mwachisoni poganiza kuti mbewu yopenda dzuwa ndiyo ikulanda malo a buluzi woyang'ana dzuwa. Thirakitala ikadutsa ndi pulawo, una umagumuka, ndipo mwini wake, amene nzeru yake yonse ndi yothawira pansi, amafera momwemo kapena kutsala pamtetete. Minga imene imabweza nkhandwe ilibe chochita ndi chitsulo.

Vuto silithera pamenepo. Munda ukasiyidwa kuti ugonere, ngakhale kwa zaka zambiri, abuluziwa sabwereramo, chifukwa dothi ndi udzu zimakhala zitasintha. Madzi akatayika saoleka. Akatswiri adayesapo kuwasamutsa pamene pankamangidwa zinthu, n'kuwakumbira mauna atsopano kwina, koma kawirikawiri zidakanika: abuluziwo ankatuluka m'mauna achilendowo n'kumayendayenda mpaka kugwidwa ndi adani. Kuwonjezera pa minda pali migodi ya golide ndi malasha, misewu ndi madamu. Kafukufuku yemwe Shivan Parusnath wa ku yunivesite ya Witwatersrand ndi anzake adatulutsa mu 2017 adaonetsa kuti gawo lalikulu la malo a buluziyu lidawonongeka kotheratu ndipo chiwerengero chake chidatsika kwambiri. Bungwe la IUCN, lomwe limasunga mndandanda wa zamoyo za padziko lonse zomwe zili pangozi, lidamuika m'gulu la zomwe zili pachiopsezo chotha.

Komabe pali mbali yolimbitsa mtima, ndipo ndi imene ndikufuna alimi ndi alangizi aimvetse. Ambiri mwa abuluzi otsalawa sali m'malo otetezedwa ndi boma. Ali m'mafamu a anthu. Pamene mlimi adasiya udzu wachilengedwe kuti ukhale busa la ng'ombe ndi nkhosa, osaudyetsa mopyola muyeso, buluzi akadalipo, ndipo ziweto zimadya pafupi ndi khomo lake popanda mkangano. Bungwe la Endangered Wildlife Trust lakhala likugwira ntchito ndi eni mafamu otere, amene amavomera kusalima malo okhala ndi mauna ndi kuyang'anira kuti anthu asamakumbemo. Mlonda weniweni wa buluziyu ndi mlimi.

Mbale wake wa m'chipululu

Masana tidabwerera ndi msewu womwewo wa Paul Kruger, kudutsa Church Square, mpaka kummwera pafupi ndi siteshoni ya sitima. Kumeneko, moyang'anizana ndi holo ya mzinda, kuli Ditsong National Museum of Natural History, nyumba yosungiramo zinthu zachilengedwe yomwe idayamba mu 1892 ndipo kwa zaka zambiri inkadziwika kuti Transvaal Museum. Mlendo amaizindikira ndi mafupa a namgumi omwe adaimikidwa panja. M'nyumba imeneyi ndimo munkagwira ntchito Vivian FitzSimons, amene mu 1943 adatulutsa buku lalikulu lofotokoza abuluzi a ku South Africa. Katswiri wina wa tizilombo wa pomwepa, Charles Koch, ndiye adayambitsa malo a kafukufuku a Gobabeb m'chipululu cha Namib mu 1962. Choncho ngakhale Pretoria ndi mzinda wa mvula ndi maluwa, nzeru zambiri za zamoyo za m'chipululu zidadutsira pamsewu umenewu.

Titatopa ndi kuyenda tidakhala pabenchi panja pake, ndipo ndidatsegula buku la zithunzi za abuluzi lomwe ndidagula, kuti malume aone mbale wa buluzi tidamuona m'mawa uja. Dzina lake la sayansi ndi Ouroborus cataphractus. Amakhala kumadzulo kwa dzikolo, ku Namaqualand ndi madera oyandikana nawo, makilomita oposa 1,000 kuchokera ku Pretoria. Kumeneko ndi chipululu cha miyala ndi tizitsamba tosunga madzi m'masamba. Mvula ya chaka chonse siifika mamilimita 300, ndipo yochepayo imagwa m'nyengo yozizira, pamene miyezi yomwe kwathu kumakhala dzinja kumeneko kumakhala ng'amba.

Uyu ndi wamng'ono, pafupifupi masentimita 20, koma minga ili thupi lonse. Sakumba una. Amakhala m'ming'alu ya miyala, ndipo mosiyana ndi abuluzi ambiri amakhala pagulu, nthawi zina 30 kapena kuposerapo mumng'alu umodzi. Chakudya chake chachikulu ndi chiswe. M'miyezi youma amachepetsa kuyenda ndi kudya, thupi n'kumagwira ntchito pang'onopang'ono ngati moto wa chikuni chokwiriridwa ndi phulusa. Madzi amawasunga mwanzeru: mamba amatchinga kuti asatuluke pakhungu, ndipo m'malo mokodza amatulutsa zoyera zolimbirako ngati za m'zitosi za nkhuku. Nayenso amabereka mwana wamoyo, kawirikawiri mmodzi yekha pachaka. Mdani akam'peza kutali ndi mng'alu, amaluma mchira wake womwe n'kudzipinda ngati nkhata, mimba yofewa n'kubisika m'kati, minga yokhayokha kunja.

Malume adayang'anitsitsa chithunzicho. "Mphwanga, imeneyi ndi nzeru ya ngaka. Koma ukudziwa chimene chimachitikira ngaka ikadzipinda? Munthu amangoitola n'kuiponya m'thumba."

Adalasa pamtima penipeni pa nkhani. Abuluzi awiriwa amafunidwa ndi anthu a ku Ulaya, ku Asia ndi ku America amene amawasunga m'nyumba ngati zosangalatsa maso, ndipo amagulidwa ndi ndalama zambiri. Wa ku Highveld uja saswana mwachisawawa akakhala m'khola, kotero ambiri mwa omwe amagulitsidwa ndi mapepala onena kuti adabadwira m'khola amakhala okumbidwa kuthengo. Ena amathera m'misika ya mankhwala achikuda monga wa Faraday ku Johannesburg. Lamulo la South Africa la zamoyo zachilengedwe la mu 2004 limaletsa kumugwira popanda chilolezo, ndipo pangano la maiko la CITES limayang'anira malonda a abuluzi a mtunduwu akamadutsa malire. Ngakhale zili choncho, kuba sikudathe, mpaka akatswiri masiku ano amabisa malo enieni amene apeza abuluziwa poopa kulozera akuba njira.

Nanga kwathu?

Wina angafunse kuti nkhani ya buluzi wa ku Free State ikukhudza bwanji mlimi wa ku Kasungu, ku Petauke kapena ku Angónia. Ikutikhudza chifukwa banja limeneli lili ndi abale kwathu konkuno. M'ming'alu ya miyala ya ku Nyika muli buluzi wa minga wotchedwa Cordylus nyikae, yemwe Donald Broadley ndi mnzake adamulemba m'mabuku a sayansi mu 2000. Ku Niassa, m'phiri la Mecula, kuli Cordylus meculae, yemwe adalembedwa mu 2005. Ndipo m'nkhalango zathu za mombo ndi tsamba muli Cordylus tropidosternum, kabuluzi koderako ka mchira wa minga komwe kamabisala m'mphako ndi pansi pa makungwa osendeka a mitengo youma. Kamadya chiswe ndi tizilombo tina, kamabereka ana amoyo, ndipo nako kamagulitsidwa kumaiko akunja. Odula nkhuni ambiri adakaonapo kakugwa m'chipika chong'ambidwa, osadziwa kuti ndi m'bale wa buluzi amene anthu amalipira ndalama pachipata kuti akamuone ku Pretoria.

Kwa anzathu a ku Highveld mdani ndi pulawo. Kwa ife ndi nkhwangwa, uvuni wa makala ndi moto wosakira mbewa. Mtengo wouma wa mphako ndiwo umayamba kugwetsedwa, chifukwa timauona ngati wopanda ntchito. Ine ndemwe, pantchito yanga yolemba uthenga wa chitukuko, ndalembapo kambirimbiri mawu akuti "malo ongokhala" ndi "tchire lopanda phindu" ponena za malo osalimidwa. Ndili pabenchi paja ndidachita nawo manyazi mawu amenewa. Malo osalimidwa sakhala opanda mwini. Muli abuluzi, achule, mbalame ndi njuchi, ndipo ambiri mwa iwo amagwirira ntchito mlimi osalipidwa: ena amadya chiswe ndi ziwala, ena amanyamula mungu wa maungu ndi mpendadzuwa.

Sindikunena kuti banja lokhala ndi munda wosakwana hekitala imodzi lisiye kulima chifukwa cha buluzi. Njala ilibe chisoni, ndipo mlangizi amene angalankhule zotere pamsonkhano wa mudzi angatsale yekha pansi pa mtengo. Koma pali zimene tingathe popanda kutaya thumba ngakhale limodzi la chimanga. Pokonza malamulo a nkhalango ya mudzi, komiti ingagwirizane kuti mitengo ingapo youma ya mphako isadulidwe. Pamiyala, m'mphepete mwa mitsinje ndi m'malire a minda, pomwe zokolola sizichuluka kale, udzu ndi zitsamba zingasiyidwe. Busa la mudzi lisagawidwe lonse kukhala minda, pakuti likatembenuzidwa kamodzi silibwerera. Moto usamayatsidwe chisawawa m'miyezi ya Seputembala ndi Okutobala pamene tchire lauma gwa. Ndipo mlendo akabwera ndi ndalama kufunsa kumene kumapezeka ngaka, akamba, abilimankhwe kapena abuluzi achilendo, mfumu ndi a zanyama zakutchire adziwitsidwe. Ku Malawi lamulo la nyama zakutchire lidakhwimitsidwa mu 2017, ndipo pa nyama zotetezedwa kwambiri monga ngaka chilango chimatha kufika zaka 30 m'ndende. Kawirikawiri amene amagwidwa ndi mnyamata wa m'mudzi wonyamula thumba, pamene womutuma ali kutali.

Kwa alangizi ndi ogwira ntchito m'midzi, phunziro lina ndi ili: musadalangize kuti malo atsegulidwe, yambani mwafunsa akuluakulu ndi abusa a ziweto kuti pamenepo pamakhala chiyani. Amadziwa una uliwonse ndi mphako iliyonse. Chamoyo chimene chimaswana pang'onopang'ono ndiponso chosatha kusamuka chimatha mwakachetechete, ndipo pamene tizindikira kuti sichikuonekanso, nthawi imakhala itapita kale.

Dzuwa likupendeka, malume adandiperekeza kokwerera basi, maluwa a jakaranda akutigwera m'mapewa. Adayenda osalankhula kwa kanthawi, kenaka adati:

"Kumunda kwathu kumudzi, kumtunda kuja, kuli mtengo wa mombo udauma kalekale. Ndimafuna kutumiza ndalama kuti anyamata augwetse tiwotche makala. Ukafika ukawauze amayi ako kuti ayambe adikira. Ndikabwera pa Khirisimasi ndikaone kaye m'mphakomo."

Uthengawo ndidaufikitsa, ndipo mtengowo udakalipo.